Mpando wa a Mhone

Lolemba

Zatsimikizika. Chinkhoswe cha Tadala, mwana wa mlongo wanga Nangozo, chili Loweruka lino pabwalo la nyumba yawo konkuno ku Area 25. Nkhoswe wakuchikazi ndine, poti ndine malume. Nkhoswe wakuchimuna ndi a Mhone.

A Mhone!

Anyamata ali mbwee mu Lilongwe muno, ena amayenda akuzunguza makiyi a galimoto pachala, Tadala wakatola mwana wa mng'ono wawo wa a Mhone. Mnyamatayo, Wongani, ndilibe naye chifukwa. Amagwada bwino. Chifukwa changa chili pa mpando.

Ndilembe, kuti ndikadzafa ana adzadziwe. Chaka china tinasonkhana pagalaundi ya sukulu, mtundu uliwonse ndi gule wakwawo. A Mhone anabwera ndi Atonga anzawo, malipenga, onse oyera mbee ngati akupita kukabatizidwa. Ine ndinalowa ndi mganda wakwathu ku Dowa, Kaputeni ndili ine. Ndili pakati pa sitepe, mwendo uli m'mwamba, mpango ukuuluka, amayi akululutira, ndinangoona amuna awiri akulowa m'bwalo atanyamula mpando. Kenako mawu a a Mhone pachimkuzamawu: "Akhazikeni pansi adada awo."

Kwathu mpando umalowa m'bwalo la mganda munthu akakomoka, kapena akakalamba mpaka kuchititsa anzake manyazi. Ndinatola chipewa changa n'kubwerera kunyumba osacheuka.

Lero Nangozo akuti akuchimuna abwera ndi malipenga awo omwewo. Nanga ife akuchikazi tili ndi chiyani? Dijeyi. Munthu wometa tsitsi mbali imodzi.

Ayi. Ndikudzutsa mganda. Loweruka ndilowa m'bwalo a Mhone akuona, ndivine mpaka fumbi liwalowe m'masokosi, tione ngati mpando ubwerenso.

Zofunika:
amuna asanu ndi atatu, a maondo amoyo
ng'oma yaikulu
mabadza, zikho zathu zoimbira zija
kabudula woyera, masokosi, mpango, wenzulo
nkhuku ya chinkhoswe (Nangozo akuti ndisaiwale. Nkhuku ndi nkhani?)

Ndikulephera kukhala pansi. Ndayesa sitepe kuseri kwa bafa. Ilipo! Sinapite kulikonse, imangondidikira!

Lachiwiri

Tsiku lonse ndili pamsewu kulemba asilikali.

A Gwaza akuti, "Zimenezo ine ndinazisiya pamtanda." A Lemani akuti bipi. A Chimbalanga, anthu akuti, anamwalira chaka chatha. Osandiuza! Munthu wa sitepe yabwino ngati uja.

Koma ndapeza atatu.

A Kachigamba, a ku Ntchisi, mlonda wopuma wa ku Kanengo. Mganda amaudziwa. Ulonda unawaphunzitsa kugona chiimire, ndiye pamzere sapindika.

A Jelemiya, oimba ng'oma. Khutu limodzi linatseka, koma akuti ng'oma samvera kukhutu, amamvera m'mimba.

A Sikelo, a ku Mulanje. Mganda sanauvinepo chibadwire. Akuti, "Gule ndi gule, achimwene, miyendo ndi yomweyi." Ndi aatali, aziima kumbuyo.

Anayi ndi ine. Mmodzi ku ng'oma, atatu pamzere. Mzere ndi mzere!

Ndatsegula bokosi lachitsulo. Kabudula alipo, akununkha mphemvu koma ndi woyera ndithu. M'chiuno sakukumana. Nsalu za kale zimafupika zikakhalitsa. Ndimanga ndi chingwe, malaya aphimba. Wenzulo alipo. Sokosi ilipo imodzi. Inzake ndaipeza kubafa, mpongozi wanga, make Fatsani, amasungiramo tizidutswa ta sopo. Sokosi ya Kaputeni! Ndaikhuthula, ndaichapa, thovu silikutha. Akuti, "Ndimayesa ndi chisanza, bambo." Ndangoti chabwino, poti ndimadya m'nyumba mwawo.

Zikho ndagula kumsika, za makosi aatali. Mayi wogulitsa akuti, "Mwayamba kufulula, agogo? Mutiitane."

Pobwerera, uyo, a Mhone, ambulera m'manja kunja kulibe ndi mtambo womwe. Amwetulira mano onse. "Mwaswera bwanji asewele?"

"Ndaswera bwino."

Basi. Ndathera pomwepo. "Kaya inu" sindinena. Chichokere tsiku la mpando sindinawafunsepo kuti ali bwanji. Aswere okha.

Ndafika kunyumba ndikuimba mluzu. Fatsani akufunsa amake ngati agogo amwa.

Lachitatu

Ulendo wa ku Chilinde kukatenga ng'oma. Ili kwa mkazi wa malemu msuweni wanga, amene tinkavina naye. Ng'oma imene ikalira ku Dowa, atsikana a mudzi wachitatu ankasiya mitsuko pachitsime.

Minibasi iwiri. Yoyamba ndakhala pa injini, matako apsa. Sindikudandaula. Njira yonse ya M1 ndikupanga nyimbo ya Loweruka. Mawu ake sakutchula munthu. Akungonena za nkhalamba ina yoyenda ndi ambulera dzuwa lili phwee.

Ndafika. Mlamu andilandira bwino, andilozera kuseri kwa khitchini. "Ng'oma tengani, alamu, koma mwini nyumbayo mumuuze nokha."

Mwini nyumba ndi nkhuku.

Ng'oma yagona chammbali. Chikopa cha mbali imodzi anadya galu. M'katimo muli thadzi, likufungatira mazira, likundiyang'ana ngati ndabwera kudzapempha mchere. Ndagogoda mbali yotsalayo. Yangoti phwa. Ndagogodanso. Chala chalowa.

Ndakhala pansi pa njerwa. Mlamu andimvera chisoni, akuti ndisabwerere chimanjamanja. Andigwirira msoti wofiira, mwana wa thadzi lomwelo, wobadwira m'ng'oma.

Ndapita kukatenga ng'oma, ndabwera ndi nkhuku.

Kondakitala akuti, "Madala, mayi akunyumbawo muwapakate, mpando ndi wa anthu." Basi yonse kuseka. Ngakhale m'minibasi nkhani ndi ya mpando!

Nangozo wandiona ndikutsika ndi msoti m'khwapa, waluluta msewu wonse. "Achimwene akumbukira! Mpaka ku Chilinde chifukwa cha mwana wanga!" Sindinamuwongole. Ndalandira ulemuwo.

Za ng'oma ndawauza a Jelemiya mokuwa, kukhutu lamoyo. Sakutekeseka. Atenga chigubu chachikasu cha make Fatsani chotungira madzi, achigogoda ndi mthiko. Chikulira! Sichifika mudzi wachitatu, koma nyumba yachitatu chifika.

Tili bwino. Tili bwino kwambiri.

Lachinayi

Lero mabadza.

Badza lenileni limapangidwa chonchi: uboola chikho, pabowopo umatapo kansalu koyera kamene kangaude amakutira mazira ake, n'kumata ndi phula. Ukaimbiramo, mawu amatuluka akunjenjemera, tsitsi limaima. Achinyamata a masiku ano amangomatapo jumbo. Jumbo! Ine ayi.

Ndafufuza nyumba yonse. Kangaude palibe ndi mmodzi yemwe. Make Fatsani anapopera mankhwala sabata yatha pokonzekera alendo a chinkhoswe. Apha oimba anga onse.

Ndatenga lezala ndi kabokosi ka machesi, ndayamba kuyendera zimbudzi za aneba. Akangaude abwino amakhala kumeneko, pansi pa malata. Choyamba, palibe. Chachiwiri, kamodzi kakang'ono. Chachitatu, mulu! Ndadula mosamala.

Ndikutuluka, mwini chimbudzi ali pakhomo ndi ndowa.

"Mwatenga chiyani m'chimbudzi mwathu, agogo?"

Ndanena zoona. "Za kangaude."

Ndowa pansi. Kukuwa.

Pofika masana nkhani yazungulira. Akuti ndikukhwima. Akuti zikho ndinagula dzana zija ndi ndege. Akuti ndimakwera chikho kupita ku Joni. Ku Joni! Ine amene sindinadutsepo pa Dedza!

Amayi adzaza pageti. Mwana wanga, bambo a Fatsani, athamanga kuchokera kuntchito, akungoti, "Bambo, chonde. Bambo, chonde." Ndati dikirani, ndikuonetseni. Ndamata kansaluko pa chikho anthu onse akuona, ndakoka mpweya, ndaimba. Kang'ambika. Kachiwiri, kang'ambikanso. Akangaude a m'tauni ndi ofooka, amadya udzudzu wa mankhwala.

Mayi wina wandiponyera jumbo ya tomato. Ndamata. Ndaimba.

Yalira bwino. Yalira bwino kuposa kangaude. Izi sindiuza munthu.

Amayi aseka, ena avinako pang'ono, amwazikana. Koma mkazi wa a Kachigamba, mtsogoleri wa amayi kutchalitchi kwawo, sanaseke. Watumiza mawu: "Bambo akunyumba sapita kwa anthu a akangaude." Ndinakadutsa kwawo. A Kachigamba aima pazenera, owongoka ngati mzati. Kaya amandiona, kaya anali mtulo.

Tatsala atatu. Pamzere awiri. Anthu awiri akaima wina kutsogolo wina kumbuyo, umenewo si mzere? Ndi mzere!

Nangozo akufunsa ngati msoti ndikuupatsa madeya.

Lachisanu

Kuyeserera kwakukulu, kuseri kwa nyumba.

Mipopi inauma dzulo dera lonse. Izi sindinaziganizire. A Jelemiya atangoyamba kumenya chigubu, amayi atuluka m'nyumba zonse ndi ndowa, akuthamanga. "Madzi abwera? Abwera kuti?" Apeza nkhalamba zitatu ndi mthiko. Atembenuza ndowazo, akhalapo. Chabwino. Gule amafuna anthu.

Ndaliza wenzulo. Kumanzere, kumanja, mwendo m'mwamba, mpango! A Sikelo akutsata bwinobwino. Mtima wanga mbee. Kenako ndikucheuka, munthu kulibe kumbuyo kwanga. Ali uko, awerama, mapewa akugwedezeka, akuzungulira mtengo wa mapeyala. Tchopa! Ndawabweza. Tayambanso. Masitepe ochepa, abwerera kumtengo. Akuti miyendo ikuwakumbutsa kwawo. Akufunsa ngati Loweruka angabwere ndi chikopa cha mbuzi kumsana.

Ndawaimbira wenzulo kukhutu.

Atola jekete lawo. "Ine sindinalembedwe usilikali, achimwene. Ndinabwera kudzasangalala." Apita. Kusangalala! Mganda ndi wosangalalira?

Amayi akuti, "Vinani nokha, agogo, tione!" Ndavina. Mayo ine, ndavina! Sitepe ya Kaputeni yonse, ija yotembenuka mwendo uli m'mwamba. Mayi wa chimbudzi uja ndiye akutsogolera nthungululu. Ndinali mnyamata, ndinali ku Dowa, ndinali ndi mano onse.

Kenako bondo lakumanja lati thwa. Laima, osapindika, osawongoka. Ndanamizira kuti ndi mbali ya sitepe, ndagwira sawatcha mpaka lamasuka. Palibe waona. Ndi kanthu kakang'ono. Ndapaka mafuta.

Nsapato zanga zansalu zovinira zada, ndipo mankhwala oyeretsera nsapato sagulitsanso pena paliponse. Ndakanda ufa woyera ndi madzi pang'ono, ndapaka, ndayanika padenga. Zauma zoyera kuposa za a Mhone. Msoti wakhala ukuyang'ana padengapo masana onse. Ndaumanga chingwe.

Chakumadzulo mphepo ikubweretsa malipenga kuchokera kwa a Mhone, akuyeserera nawonso. Ng'oma yeniyeni, ya chikopa. Phazi langa lamanzere layamba kugunda pansi lokha. Ndaliponda ndi linzake.

Mawa! Ine ndi a Jelemiya. Kaputeni ndi ng'oma. Enawo anali ongodzaza malo.

Loweruka

M'mawa: chigubu kulibe. Make Fatsani athiramo thobwa, chapita kale kwa Nangozo. Akuti, "Chigubu ndi changa, bambo."

A Jelemiya akuti ndisade nkhawa, akukalondera ng'oma yathu mpaka ipepuke. Ndawapeza atakhala pambali pake ndi kapu. Akugwira ntchito molimbika, koma chigubucho ndi chachikulu.

Ndatsala ndekha. Ndavala basi: kabudula ndi chingwe chake, masokosi, imodzi ikununkhira sopo, nsapato zoyera mbee, badza m'thumba la jekete. Nangozo wabwera, wandiona mmene ndavalira. Wamasula msoti, wandipatsa.

Anthu ndi ambiri, mahema awiri. Atsikana alowa atafunditsidwa zitenje kumutu mpaka kumapazi. Wongani wazungulira, wazungulira, waloza Tadala, sanaphonye. Nthungululu! Nkhwangwa, khasu, lichero, mthiko, zonse zaperekedwa. Kenako aitana ankhoswe.

Ine ndi msoti, a Mhone ndi tambala, maso ndi maso. Tasinthana. Akuti, "Mwatchena, asewele." Ndati, "Zikomo." Tambala ndi wamkulu ngati mwana wa mbuzi, ndipo akuyang'ana pansi. Akuyang'ana nsapato zanga.

Ndisanabwerere pokhala, wenzulo walira. Malipenga alowa. Mizere iwiri, oyera, mipango m'manja, ng'oma ikugunda mpaka m'chifuwa. Dijeyi wazimitsa makina ake yekha.

Ndaganiza mwachangu: ng'oma yanga ili ndi thobwa, iyi ilibe. Ng'oma ilibe mtundu. Ndaika tambala pansi, ndatulutsa badza, ndalowa m'bwalo kutsogolo kwa mizere yawo!

Chingwe cha kumiyendo kwa tambala chinali chomanga mwaulemu. Wachivula. Wanditsata. Jomph pa nsapato yamanja! Ndakweza mwendo. Jomph pa yamanzere! Ndakweza winawo. Ndikatsitsa phazi iye ali pomwepo, akudya ufa. Chibadwire sindinakwezepo miyendo chonchi, ngakhale ku Dowa ndili mnyamata. Maondo akufika pachifuwa, mpango ukuuluka, jumbo ikulira, tambala akutembenuka ndikatembenuka. Anthu akwera pamipando. Tadala waiwala kuti mkwatibwi amayang'ana pansi, akuseka misozi ili chuchuchu. Wina akukuwa, "Malume ndi tambala wawo! Anayeserera liti?"

Ndiye mzere umenewu. Awiri!

Ndikutembenuka, ndauona. Amuna awiri, mpando pakati pawo. Mawu pachimkuzamawu, omwe aja, osasintha ndi limodzi lomwe: "Akhazikeni pansi adada awo."

Magazi andithamangira kumutu. Ndati ndikupita, chinkhoswe chithe popanda malume. Ndaponda kuti ndichoke.

Thwa.

Bondo lakana. Ndagwa chagada, mpando wandiwakha. Ndayesa kudzuka, zakanika. Ndakhala pakati pa bwalo, anthu onse akuona, tambala akumaliza nsapato yamanzere.

Ng'oma yasintha. Mizere yatembenukira kwa ine. Wenzulo. Mapazi onse pansi kamodzi, manja onse pachipumi. Sawatcha! Kenako akubwera mmodzimmodzi, aliyense kuvina mpaka pamaso panga, kuwerama, kugwetsa mpango, kubwerera chambuyo. Ine ndangogwira badza ngati mwana wogwira chinangwa.

Omaliza a Mhone, ndi ambulera yawo. Awerama movutikira, andinong'oneza: "Kwathu mlendo akavina kutiposa timamukhazika u-Kingi. Kingi savina, amalandira sawatcha. Chaka chija munathawira kuti, asewele? Tinachitira sawatcha mpando wopanda munthu, dzuwa likutiwotcha."



Ovina andinyamula ndi mpando womwewo, andizungulitsa bwalo kawiri. A Jelemiya akubwera pambuyo akumenya chigubu. Chapepuka.

Lamulungu

Kutchalitchi sindipita. Bondo latupa ngati papaya.

Zotsala:
nsapato, zabwerera mtundu wake wakale
badza limodzi, la jumbo
tambala, Nangozo akuti ndimusunge ine poti timamvana
mpando

Mpandowo anandibweretsera nawo kunyumba dzulo, ndili pomwepo. A Mhone akuti ndi wanga. Ndi wabwino, uli ndi potsamira. Ndakhalapo pakhonde chidzukire, mwendo pa ndowa.

Mganda sunadzuke. Zimenezo ndavomera. Chimene chikundisowetsa mtendere ndi china. Zaka zonsezi ndikadzuka m'mawa ndinkadziwa chochita: kusamba, kumwa tiyi, kukwiyira a Mhone. Lero ndasamba, ndamwa tiyi, ndangokhala. Ndayesa kukwiya, sizikugwira. Ndayesa kukwiyira a Sikelo, mkwiyo wake watha tiyi asanazizire. Mkazi wa a Kachigamba ndimamuopa.

A Mhone akananena nthawi yomwe ija. Munthu umatumiza bwanji mpando osafotokoza? Pamenepa ndiye analakwa ndithu. Koma ndi kamlandu kakang'ono, sikangandifikitse Khirisimasi.

Masana, uyo, a Mhone, akuchokera kumapemphero, suti yakuda, buku la nyimbo m'khwapa, ambulera. Aima pageti.

"Mwadzuka bwanji a Kingi?"

"Ndadzuka bwino."

Ndatseka pakamwa. Ndagwira potsamira. Tambala akundiyang'ana. Pakamwa patseguka pokha.

"Kaya inu?"

Atsegula geti. Apinda ambulera. Make Fatsani awabweretsera mpando wina. A Mhone akuti zaka zonsezi akhala akufuna kundiuza za msana wawo.

Ndikulemba izi akadali pakhonde. Za msana atha, afika pa chiuno.